Wei Te-sheng amachita bwino ndalama zikamuchepera

Anthu akamakamba za Wei Te-sheng, wotsogolera mafilimu wa ku Taiwan, amathamangira nkhani ya ngongole. Eti anapinyolitsa nyumba, eti anakongola mpaka kwa oyimba otchuka, eti ndi munthu wosagwa mphwayi. Zonsezo n'zoona. Koma ine maganizo anga ndi ena, ndipo okonda mafilimu a nkhondo ndikudziwa kuti sagwirizana nane: luso la mkuluyu limaoneka bwino ndalama zikamuchepera. Akangopeza thumba lalikulu, amayamba kuiwala anthu n'kumajambula chigulu.

Wei anabadwa mu 1969 ku Tainan, kumwera kwa chilumbacho, m'banja lokonza mawotchi. Sukulu ya mafilimu sanapondeko. Anaphunzira zamagetsi, kenako n'kukagwira usilikali monga lamulo la kwawoko limafunira kwa anyamata. Ntchito ya mafilimu anaiyambira pansi penipeni, ndipo kenako ankanyamula zitsulo za kamera pakampani ya Edward Yang. Yang nayenso anali injiniya, amene anayamba kutsogolera ndi sewero la pa TV mu 1981 ndipo mu 2000 anapata mphoto ya wotsogolera wopambana ku Cannes. Pojambula Mahjong, imene inatuluka mu 1996, Wei anakwezedwa kukhala wothandizira wotsogolera. Ndiye sukulu yake inali imeneyo, ndipo mphunzitsi wake sanali munthu wamba.

Koma taonani mmene zinthu zinalili nthawi imeneyo. Mafilimu a ku Taiwan ankakolola mphoto kunja: Hou Hsiao-hsien anapambana ku Venice mu 1989, Tsai Ming-liang mu 1994. Kwawo komweko anthu sankawaonera. Achinyamata a ku Taipei ankagula matikiti a mafilimu a ku Hollywood, ndipo kumayambiriro kwa zaka za m'ma 2000 panali zaka zina zimene pa madola 100 aliwonse ogulira matikiti, opita ku mafilimu a m'dzikomo sankafika ngakhale awiri. Yi Yi, filimu imene inamupatsa Yang mphoto ya ku Cannes ija, inadzayamba kugulitsidwa matikiti m'masinema a ku Taiwan mu 2017, mwini wake atamwalira kale mu 2007. Munthu wofuna kupanga filimu m'dziko lotero ankaoneka ngati wazungulira mutu.

Wei anali ndi nkhani imene inkamusowetsa tulo kuyambira m'ma 1990, ya mtundu wa eni nthaka wa Seediq umene unaukira atsamunda a ku Japan mu 1930. Mu 2003 anasonkhanitsa ndalama payekha n'kujambula kachidutswa ka mphindi 5, kuti eni chuma aone zimene angathe. Anaona, n'kuyamikira, koma matumba sanatsegule. Chen Kuo-fu, amene Wei anagwira naye ntchito pa filimu ya Double Vision ya 2002, anamulangiza kuti ayambe wapanga filimu ina kaye kuti anthu amukhulupirire. Cape No. 7 inabadwa choncho, ngati ntchito yongopezera njira. Inadya madola a ku Taiwan pafupifupi 50 miliyoni, ndipo 30 miliyoni mwa amenewo inali ngongole pamutu pa Wei. Inatuluka pa 22 Ogasiti 2008, chaka chomwe chija boma lathu linalengeza kuti ubale umene tinali nawo ndi Taiwan kuyambira 1966 watha, tikupita ku Beijing. Ife tinali otanganidwa kufunsa kuti madokotala a ku Taiwan akachoka pachipatala chachikulu cha Mzuzu zikhala bwanji, eni akewo ali pamzere wa matikiti.

Nkhani ya Cape No. 7 njophweka. Aga, mnyamata woyimba amene zinamukanika ku Taipei, akuswa gitala yake pamtengo wa magetsi, kutukwana mzindawo, n'kukwera njinga yamoto kubwerera kwawo ku Hengchun, kunsonga ya kumwera. Kumeneko bambo ake omupeza, amene ndi wapampando wa khonsolo ya tauniyo, akumupezera ganyu yopereka makalata chifukwa mkulu amene ankagwira ntchitoyo, Mao, wavulala mwendo pangozi. Aga makalatawo sakupereka n'komwe, akungowaunjika kuchipinda. Pakati pawo pali phukusi lochokera ku Japan, la adiresi yakale imene kulibenso amene akuidziwa, ndipo m'katimo muli makalata 7 achikondi. Anawalemba mphunzitsi wa ku Japan ali m'sitima mu 1945, ulamuliro wa Japan utatha, kulembera mtsikana wa ku Taiwan amene anamusiya padoko.

Zachikondizo ine sizindigwira mtima kwenikweni, pena zimachita kutsekemera mopitirira. Chimene chimandikoka ndi bandi. Hotela ina yaitana woyimba wa ku Japan, Kousuke Atari, kudzayimba kugombe, ndiye wapampando uja wakakamira kuti otsegulira akhale ana a m'tauni momwemo, osati obwera. Akutolera yense amene wapezeka: wapolisi wapamsewu wosachedwa kupsa mtima, wochokera m'mitundu ya eni nthaka, makanika woyimba ng'oma amene akufera mwakachetechete mkazi wa bwana wake, kamtsikana ka zaka 10 kamene anakathamangitsa pa piyano ya kutchalitchi chifukwa chowonjezera zake panyimbo, munthu wa mtundu wa Ahakka wogulitsa mowa wa mapira amene amalonjera aliyense ndi dzina la mowa wake, ndi nkhalamba Mao, katswiri wa chida chamakolo chotchedwa yueqin, amene akumupatsa gitala ya besi n'kulephera, kenako akumukankhira ku kachida kogwedeza kotchedwa tambourine, iye akudandaula kuti munthu wolemekezeka ngati iye samuchita choncho. Anthu amenewa amakangana m'Chimandarini, kutukwanizana m'Chihokkien, nkhalambayo n'kumang'ung'udza nyimbo m'Chijapani chimene inaphunzira ili mwana. Mbiri yonse ya chilumbacho ili m'chipinda chimodzi choyeserera nyimbo, popanda wina kuimirira kuti ayambe kuphunzitsa. Wei analibe ndalama zodzionetsera, ndiye anakakamizika kuyang'ana nkhope za anthu ndi kumvetsera mmene amayankhulira.

Masiku oyamba filimuyo sinayende kwenikweni. Anthu anachita kuuzana okha, ena n'kubwerera kachiwiri atatenga agogo awo. Pomaliza inapeza madola a ku Taiwan pafupifupi 530 miliyoni, ndipo panthawiyo filimu yokhayo imene inkaiposa pachilumbacho inali Titanic. Eni chuma anakumbukira kuti anthu a ku Taiwan angathe kulipira kuti adzione okha, ndipo zaka zotsatira mafilimu a m'dzikomo anabwereranso m'masinema.

Apa m'pamene Wei anatembenukira ku nkhani yake yakale ija. Warriors of the Rainbow: Seediq Bale inatuluka mu 2011, itadya pafupifupi 700 miliyoni, kuchulukitsa ka 14 ndalama za Cape No. 7. Anajambula miyezi pafupifupi 10 m'mapiri, ndalama zikutha pakati panjira, mpaka woyimba Jay Chou anachita kumubwereka. John Woo, wotsogolera mafilimu wotchuka wa ku Hong Kong, anali mmodzi mwa oyang'anira ntchitoyo. Filimuyo ili m'zigawo ziwiri, zonse pamodzi maola anayi ndi theka.

Ndisaname, pali zinthu zimene ndimamuvulira chipewa. Zimene zinachitika n'zolemera: pa 27 Okutobala 1930, amuna pafupifupi 300 ochokera m'midzi 6 ya Aseediq, motsogozedwa ndi Mona Rudao, anaukira tsiku la masewera pasukulu ya ku Wushe n'kupha Ajapani 134, amayi ndi ana omwe. Asilikali a Japan anabwezera ndi mizinga ndi ndege, Aseediq oposa 600 anafa, ambiri mochita kudzipha, ndipo otsala anasamutsidwa kuchoka kumapiri kwawo. Mona Rudao lero nkhope yake ili pa ndalama yachitsulo ya madola 20, monga mmene ife tinaikira John Chilembwe pa ndalama zathu, n'kumadumpha msanga tikafika pa mutu wa William Jervis Livingstone, woyang'anira esiteti, umene unadulidwa ku Magomero mu 1915. Wei sanadumphe. Anaonetsa ankhondo ake akudula mitu, anaonetsa anyamata ang'onoang'ono akupha mphunzitsi wawo ndi amayi amene anabisala. Ndiponso analola kuti filimu yodula chonchi iyankhule Chiseediq, chilankhulo cha anthu masauzande ochepa chabe, n'kupereka udindo wa Mona wachikulire kwa Lin Ching-tai, m'busa wa mpingo amene anali asanasewerepo mufilimu. Pamenepa palibe womutsutsa.

Komabe onerani n'kudzifunsa zimene zakutsalirani m'mutu pakatha mlungu. Kwa ine ndi malo awiri, ndipo onse ndi aang'ono. Oyamba ndi a anyamata awiri a Chiseediq amene anaphunzitsidwa ndi atsamunda, kupatsidwa mayina akuti Hanaoka Ichiro ndi Hanaoka Jiro, n'kulembedwa upolisi pa malipiro ochepera a anzawo a ku Japan. Nkhondo itabuka akusowa kolowera, chifukwa kwa Ajapani ndi anthu a kuthengo, kwa abale awo ndi anthu a yunifolomu, ndipo akusankha imfa. Achiwiri ndi a amayi amene akudzimangirira m'mitengo kuti chakudya chotsalacho chikwanire amuna omenya nkhondo. Malo amenewa akanatheka ndi ndalama za Cape No. 7 zomwe zija. Zotsalazo, makamaka m'chigawo chachiwiri, ndi nkhondo pamwamba pa nkhondo: kubisalira kumtsinje, kubisalira kuphompho, kubisalira pamlatho, mpaka woonera sakudziwanso kuti wagwayo ndani. Ndege ndi utawaleza zopangidwa pakompyuta zimachita kuonekeratu kuti n'zopanga. Ndipo amayi aja, amene ali ndi nkhani yowawa kuposa onse, akupatsidwa mphindi zochepa kuti kamera ibwerere msanga kwa amuna ndi zikwanje zawo. Filimuyo inapikisana nawo ku Venice, inapata mphoto ya filimu yopambana pa mpikisano wa ku Taiwan wa Golden Horse, inafika pamndandanda wa mafilimu 9 achilankhulo chakunja oganiziridwa ku Oscar. Koma kuti ionetsedwe kunja anaidula kufika pafupifupi maola awiri ndi theka, ndipo chimene chinavulala kwambiri ndi anthu aja, nkhondo zinatsala.

Wina anena kuti nkhani yaikulu imafuna ndalama zazikulu, ndipo kuti popanda phokoso limenelo ana a ku Taipei sakanadziwa n'komwe kuti Aseediq ndi ndani. Mbali yachiwiriyo ndikuvomera. Yoyambayo ayi, ndipo umboni wanga ndi KANO ya 2014, nkhani ya timu ya baseball ya sukulu ya zaulimi ku Chiayi, ya anyamata a mitundu itatu, imene inafika mu fainolo ya Koshien, mpikisano wa masukulu wa ku Japan, mu 1931. Nayo ndi mbiri ya nthawi ya atsamunda, nayo ndi yaitali. Wei analemba nawo n'kuyang'anira ndalama, koma mpando wa wotsogolera anaupereka kwa Umin Boya, amene anasewera mu Seediq Bale. Timu ya mpira ili ndi anthu owerengeka, bwalo lili ndi malire, ndiye nkhaniyo siimwazikana.

Chimene chimandidetsa nkhawa n'chakuti iye mwini akuoneka kuti amaziona mosiyana. Atapanga kafilimu ka nyimbo ka 52Hz, I Love You mu 2017, analengeza ntchito yoposa zonse: mafilimu atatu a nthawi imene Adatchi ankalamulira dera la Tainan m'zaka za m'ma 1600, nkhani imodzi yoonedwa ndi maso a eni nthaka otchedwa Asiraya, a Atchaina ndi a Adatchi, pamodzi ndi paki yaikulu ya alendo yomangidwa mofanizira nthawiyo. Ndalama zake zinali za mabiliyoni, ndipo anthu wamba anasonkha nawo kudzera pa intaneti. Itafika nyengo ya Covid-19 ntchitoyo inaima chifukwa ndalama sizinakwane. Zitatero anabwerera ku zazing'ono, ndipo mu 2023 anatulutsa BIG, nkhani ya mabanja a ana odwala khansa amene aikidwa m'chipinda chimodzi cha chipatala, nambala 816. Chipinda chimodzi, anthu osiyana mitundu ndi mapezedwe, kukangana kenako kuzolowerana: ndi bandi ya ku Hengchun ija yavala zovala zina. Ambiri amene amamukonda akupempherera kuti apeze mabiliyoni aja amalize mafilimu ake atatu. Ine m'pemphero limenelo mulibe dzina langa.