Chiphaso chili pakhomacho chili ndi ochipereka, kadandauleni kumeneko

Anzanga a mu Lusaka muno, pali nkhani imene imandiwawa mumtima ndipo lero ndati ndiinene basi. Tikaona zoipa ku kiliniki yapulaiveti, kapena kumene timasiya ana masana tikamapita kukasaka ndalama, kapena kunyumba zosungirako okalamba ndi ana amasiye, ambiri aife timangoti tasiyira Mulungu, apo ayi timabwera pano pa Facebook n'kulalata, anthu n'kuthira ndemanga mpaka foni kutentha, mawa lake zii, aliyense wapita ku nkhani ina, pomwe malo aja atsegula m'mawa monga kale ndipo munthu wina walowa ndi mwana wake kumsana osadziwa kanthu. Mkwiyo wathu umathera m'malere chifukwa sitiufikitsa kwa amene ali ndi mphamvu yotseka chitseko chija.

Malo amenewa satsegulidwa ngati kantemba ayi. Amayenda ndi chiphaso, ndipo amene anapereka chiphasocho akhoza kubwera kudzayendera, kuchenjeza, ngakhale kuchilanda kumene.

Mayi wina wa payadi pathu anapita ndi kamwana kake kotentha thupi ku kakiliniki kena ka mu komboni, nyumba wamba imene anangoipaka penti yoyera n'kuika benchi pakhonde. Ndinakamuona madzulo, dilipi anaipachika pa msomali wa kukhoma, kamkono ka mwana katatupa pamene anabaya singano mpaka kuwala, ndipo wobayayo atatuluka kalekale, mwatsala kamtsikana kolandira ndalama kokha. Mankhwala anampatsa m'timapulasitiki topanda dzina, pamwamba anangolemba 2x3 ndi bolopeni, lisiti nalo la m'kabuku kaja kogula m'tauni, lopanda chidindo, lopanda dzina la kiliniki. Mwanayo anachira atapita naye kuchipatala chachikulu, tithokoze Mulungu, koma nditamuuza mayi uja kuti izi n'zofunika kukanena, yankho lake linali lakuti ine wogulitsa tomato angandimvere ndani. Mawu amenewo ndi amene amandisowetsa mtendere, chifukwa dandaulo silifuna digiri, ndipo mabungwe amenewa anawakhazikitsa kuti ateteze iyeyo, osati olemera okhala ku Kabulonga okha.

Za makiliniki ndi zipatala, zaboma ndi zapulaiveti zomwe, oyang'anira ndi a Health Professions Council of Zambia, ambiri amangoti HPCZ. Anakhazikitsidwa ndi lamulo la mu 2009 m'malo mwa Medical Council yakale, ndipo ndiwo amapereka chiphaso cha malowo komanso kulembetsa madokotala, makilinikala ofisa, a ku labu ndi ena otere. Chiphasocho si chamuyaya, chimafunika kuchikonzanso chaka ndi chaka, ndiye mukalowa pena pake yang'anani kukhoma, werengani chaka chake, ngati palibe funsani mwaulemu kuti chili kuti. Wochita zinthu zolongosoka sakwiya nalo funso limenelo. Anesi ndi azamba ali ndi bungwe lawolawo, Nursing and Midwifery Council of Zambia, lomwe kale tinkalidziwa kuti General Nursing Council lisanasinthidwe ndi lamulo la mu 2019, choncho ngati wakunyozani kapena kukusiyani nokha pa nthawi ya matenda a uchembere ndi mzamba, dzina lake likafike kumeneko. Za mankhwala otha masiku, opanda dzina, kapena ogulitsidwa ndi munthu wopanda chilolezo ndi a ZAMRA, bungwe loyang'anira mankhwala mu Zambia. Ndipo amene muli pa NHIMA, inshuwaransi ya boma ya zaumoyo ija, malo amene anavomerezedwa kulandira khadi akakulipiritsani chinthu chimene sichiyenera kulipidwa, a NHIMA eni ake ayenera kumva.

Koma pamene mtima wanga uli kwenikweni ndi pa anthu amene sangathe kudzilankhulira. Wamkulu wodwala malungo akhoza kudzuka n'kupita kwina. Nanga kamwana ka miyezi isanu ndi itatu kamene mwakatenga madzulo thewera lake lili lomwe lija munakaveka m'mawa, m'mphechepeche mwafiira mpaka kusupuka? Nanga agogo amene sitiroko inawatseka pakamwa, mukawatembenuza mupeza chilonda m'chiuno chachita dzenje chifukwa chogonera mbali imodzi osatembenuzidwa, zofunda zikununkha mkodzo wa dzana? Amenewa sadzalemba kalata, sadzaimba foni, amangokuyang'anani. Ife opita kukawaona ndi amene tili ndi pakamwa pawo. Nyumba zosungirako ana zili pansi pa a Social Welfare, ku unduna wa Community Development and Social Services, ndipo ali ndi maofesi m'maboma, za okalamba nazonso mukhoza kuyambira komweko. Lamulo la ana la mu 2022, Children's Code Act, linaletsa kumenya mwana ngati chilango, ndiye wina asakunamizeni kuti zipsera za chikwapu pa miyendo ya mwana wamasiye ndi mwambo wa panyumbapo.

Ndikudziwa chimene chimatigwira miyendo. Timaopa kuti tidzadziwika ndife tanena, kenako agogo athu adzawachitira nkhanza zoposa, kapena adzatiuza kuti atengeni, pomwe ife tilibe kowapititsa, nyumba yake ya zipinda ziwiri ya lendi, tonse timachoka mbandakucha. Ena timaopa kutchedwa ansanje, eti ukufuna kugwetsa bizinesi ya mnzako wa kutchalitchi. Manthawo si opusa ayi, ine sindingawaseke. Chokhacho ndinganene n'chakuti mukamapereka dandaulo nenani poyera kuti mukuopa kubwezeredwa, pemphani kuti dzina lanu lisatchulidwe kwa eni malowo, ndipo ngati pali mabanja ena amene aona zomwezo pitani limodzi, mutu umodzi susenza denga. Za nsanjezo, amene amasamala odwala bwino palibe chimene oyendera angamuchite, iwo amakaona ndi maso awo, sakatseka malo chifukwa cha mawu anu okha.

Kapitidwe kakenso n'kofunika. Kulowa mu ofesi uli wokwiya n'kumati anthu aja ndi afiti, palibe chimene angalembe pa mawu amenewo. Lembani tsiku, nthawi, dzina la malowo ndi pamene ali, dzina la amene anakuthandizani ngati munalimva kapena kuliwerenga pa baji, chimene chinachitika motsatana, ndi amene analipo. Sungani lisiti, khadi la kuchipatala, timapulasitiki ta mankhwala tija musataye, jambulani chilondacho ndi foni tsiku lomwelo chisanasinthe. Ngati Chizungu chikuvutani pezani mwana wasukulu kapena wa kumpingo akulembereni inu mukunena, kenako akuwerengereni mumve ngati walemba zanu. Chitani fotokope, mukapereka pemphani akudindireni pa kope yanuyo ndipo funsani dzina la amene walandira, kuti mukadzabwera kudzafunsa pamene nkhani yafika musadzayambirenso pa chiyambi. Ndipo chonde nenani zokhazo munaona, osawonjezera mchere, bodza limodzi limagwetsa nkhani yonse ngakhale zina zonse zili zoona.

Zithunzi zimenezo pitani nazo kumaofesi, osati kuziponya pa WhatsApp. Ndimamva chisoni ndikaona nkhope ya mwana wozunzidwa kapena thupi la agogo lili pamtunda likuzungulira m'magulu, amene akutumizayo akuganiza kuti akuthandiza koma wamuvula munthuyo kachiwiri.

Inu ogwira ntchito mkatimo, okolopa, ophika, alonda a pageti, anesi ongoyamba kumene, mumadziwa zambiri kuposa ife tonse. Mumadziwa usiku umene ana amagona ndi njala, mumadziwa amene amavala chovala choyera koma sanapiteko ku sukulu ya zaumoyo. Ntchito ndi yosowa mu Lusaka ndipo sindikukuweruzani, ambiri ainu mukugwira awiri ntchito ya anthu sikisi, malipiro ochedwa, magulovu kulibe, ndipo kutopa kumeneko nako ndi nkhani yofunika oyendera aimve, chifukwa nthawi zambiri mwini malo ndi amene wachepetsa antchito kuti asunge ndalama koma mlandu ukadzabwera udzagwera inu.

Kwa mabungwe amene ndatchulawa pempho langa ndi limodzi: nambala yodandaulirapo imatidwe pa chitseko cha kiliniki iliyonse, nesale iliyonse ndi nyumba iliyonse yosungira anthu, m'Chinyanja, m'Chibemba, m'Chitonga ndi zinenero zathu zina, ndi zilembo zazikulu zoti mayi wa ku Kanyama kapena ku Mtendere awerenge ali pa mzere.

Ndipo ngati mwaona kuti moyo uli pangozi lero lomwe, mwana wamenyedwa, wagwiriridwa, kapena nkhalamba yatsekeredwa m'chipinda popanda chakudya, zamakalata zidzabwera pambuyo. Thamangani ku polisi mufunse a Victim Support Unit, ofesi yothandiza ochitiridwa nkhanza, kapena imbani 116 ikakhala nkhani ya mwana, 933 ikakhala ya nkhanza kwa wamkulu, manambala onse awiriwa ndi aulere ngakhale foni ilibe toko taimu.